Maphunziro a Loweruka a miyambo ya a Ojibwe ku Area 47: mphunzitsi wodziwa polekezera, okonza ofunika kudzikonza

Pakati pa maphunziro afupiafupi amene achuluka mu mzinda wa Lilongwe masiku ano, ambiri a iwo okhudza kompyuta, ulimi wa nkhuku kapena kayendetsedwe ka bizinesi, pali ena amene ndaona kuti ndi oyenera kuwalembera ndemanga yaitali, chifukwa amakhudza nkhani imene aphunzitsi ndi alangizi timaigwira nthawi zonse koma sitipeza mpata woiganizira modekha. Maphunzirowa amachitika Loweruka m'mawa mu holo ina yaing'ono ku Area 47, amatenga masabata 6, ndipo mutu wake ndi chipembedzo cha makolo, miyambo yopatulika ndi chinamwali pakati pa eni nthaka a ku North America, makamaka mtundu wa Ojibwe. Malipiro ake ndi K45,000, ndalama imene munthu angathe kuipereka kawiri kudzera pa foni, ndipo m'menemo muli kabuku ka zophunzira, tiyi wa pa nthawi yopuma ndi satifiketi. Ine ndimaphunzitsa ku sekondale ndipo kumpingo kwathu ndine mmodzi wa alangizi a atsikana, choncho ndinalembetsa pofuna kudziwa mmene anthu akutali ndi ife amamuchotsera mwana ku ubwana ndi kumulowetsa mu ukulu. Ndinene msanga kuti ndalamayo sinapite pachabe, ndipo chimene chimapangitsa maphunzirowa kukhala abwino ndi chakuti mphunzitsi wake amadziwa polekezera pa zinthu zopatulika za eni ake. Okonza maphunzirowa, amene ndi anthu ena osiyana ndi mphunzitsiyo, sanafike pa muyezo umenewo.

Amene amaphunzitsa ndi amayi a kuno kwathu amene anakhala zaka zingapo mu mzinda wa Winnipeg, m'chigawo cha Manitoba ku Canada, kumene kuli anthu ambiri a mtundu umenewu. Tsiku loyamba, asanatsegule ndi pulojekita yomwe, anatiuza kuti iwo si a Ojibwe, sanalowetsedwe m'mwambo uliwonse wa anthuwa, ndipo adzatiphunzitsa zokhazo zimene eni ake anazinena poyera. Amaphunzitsa m'Chichewa chomveka bwino, ndipo mawu a chiyankhulo cha a Ojibwe amawalemba pa bolodi ndi kutitchulitsa mpaka lilime litazolowera. Anayamba ndi mapu, ndipo anachita bwino kutero, pakuti ambiri a ife tinkaganiza kuti eni nthaka onse a ku America ndi mtundu umodzi. A Ojibwe, amene ku United States amatchedwanso Chippewa ndipo iwo eni amadzitcha Anishinaabe, amakhala mozungulira nyanja zikuluzikulu zimene zili m'malire a Canada ndi United States, makamaka Lake Superior, m'zigawo za Ontario, Manitoba, Minnesota, Wisconsin ndi Michigan. Ali pa ubale wakale ndi mitundu ya Odawa ndi Potawatomi, ndipo mitundu itatuyi imadziwika kuti ndi bwalo la moto utatu. Mbiri yawo ya pakamwa imati makolo awo anachokera kugombe la nyanja ya Atlantic, kum'mawa, nayenda molowera kumadzulo motsogozedwa ndi kachigoba koyera kotchedwa miigis, atalangizidwa kuti akakhazikike kumene chakudya chimamera pamadzi. Chakudya chimenecho ndi manoomin, mbewu yofanana ndi mpunga imene imamera yokha m'nyanja zosazama, ndipo amaikolola anthu awiri ali m'bwato, wina akupalasa ndi mtengo wautali, mnzake akuweramitsa ngala ndi kuzigogoda ndi timitengo tiwiri. Mbewuyi ndi yopatulika kwa iwo mpaka lero, moti mu 2018 a Ojibwe a ku White Earth ku Minnesota anakhazikitsa lamulo lawo lonena kuti manoomin ali ndi ufulu wokhalapo ndi kutetezedwa.

Phunziro lachiwiri linali la chikhulupiriro chenicheni. Tinaphunzira za Gichi-Manidoo, Mzimu Wamkulu, ndi za mizimu ina yambiri imene amati ili m'madzi, m'mabingu, m'nyama, m'mitengo ndi m'miyala ina, ndipo cholinga cha moyo wa munthu amachitcha mino-bimaadiziwin, ndiko kukhala moyo wabwino pa ubale wolongosoka ndi zonsezi. Apa ndi pamene ndinayamba kuwakhulupirira amayiwa. Atafika pa nkhani za Nanabozho, amene m'nthano zawo ndi mphunzitsi wa anthu komanso wochenjera wosachedwa kugwa m'misampha yake yomwe, anangotipatsa mutu wa nkhani imodzi yodziwika, ya chigumula, momwe kanyama kam'madzi kotchedwa muskrat kanamira mpaka pansi ndi kubwera ndi dothi pang'ono limene linaikidwa pamsana pa kamba kuti dziko likhalenso. Sanapitirire pamenepo. Anafotokoza kuti nthano zopatulika zimenezi eni ake amazisimba nyengo yozizira yokha, chipale chofewa chitaphimba nthaka, ndipo popeza tinali mu June, pamene kwawoko ndi nyengo yotentha, sakanatha kuzisimba ngati nthano za kalulu. Mnyamata wina wa ku yunivesite anadandaula kuti walipira ndalama kuti amve zonse. Amayiwo anamuyankha mofatsa kuti, "Achimwene, ndalama yanu yagula nthawi yanga ndi zimene ndinapatsidwa chilolezo chonena, koma sinagule mwambo wa eni." Ine ndikuona kuti analondola, ndipo aliyense amene anakulira kumudzi akudziwa kuti nafenso agogo athu sankalola kusimba nthano dzuwa lili pamutu.

Nkhani ya fodya inatigwira mtima mwa njira ina, ife a m'boma limene fodya ndi mabelo, zigafa ndi mitengo ya ku okushoni ku Kanengo. Kwa a Ojibwe fodya, amene amamutcha asemaa, ndi chinthu choyamba kupereka munthu akafuna kupempha kanthu. Wofuna kuthyola mankhwala kutchire amayamba waika fodya pang'ono pansi, wowoloka nyanja amawaza fodya pamadzi, ndipo wofuna nzeru kwa mkulu amapita ndi fodya m'dzanja, mkuluyo akalandira ndiye kuti wavomera udindo woyankha moona. Pamodzi ndi fodyayo pali zomera zina zitatu zimene amafukiza pa miyambo, zomwe ndi sage, cedar ndi udzu wonunkhira umene amauluka ngati tsitsi. Amayiwa sanafukize chilichonse m'holomo ngakhale ena anapempha, anangotionetsa zithunzi.

Phunziro la Midewiwin ndi limene linadzaza holo, ndipo ndi limene linaonetsa bwino luso la mphunzitsiyu. Midewiwin ndi gulu lopatulika la ochiritsa ndi osunga mbiri, limene amalowa amuna ndi akazi omwe, ndipo munthu amakwera m'magawo, ena amati 4 ena amati 8, gawo lililonse ndi maphunziro ake ndi zopereka zake monga mabulangete ndi chakudya. Mwambo umachitikira m'chisakasa chachitali cha mitengo yopinda, chokhala ndi khomo kum'mawa ndi lina kumadzulo, ndipo amaimba ng'oma yokhala ndi madzi m'kati. Wolowa gawo loyamba amapatsidwa thumba la chikopa cha katumbu, ndipo pachimake pa mwambowo mphamvu ya kachigoba ka miigis imalowetsedwa mwa iye, amagwa pansi ngati wafa, kenako amadzutsidwa ali munthu watsopano. Nyimbo ndi ndondomeko za mwambo zimajambulidwa pa makungwa a mtengo wa birch, ndipo zizindikirozo amaziwerenga ndi okhawo amene anaphunzitsidwa. Amayiwa anatiuza kuti zimene zikudziwika kunja zinafalitsidwa kwambiri ndi ofufuza achizungu, monga W. J. Hoffman amene anasindikiza kafukufuku wake mu 1891, ndi kuti a Ojibwe ambiri sakondwa kuona makungwa amenewa ali m'magalasi a nyumba zosungira zinthu zakale. Mu 1990 dziko la United States linakhazikitsa lamulo lokakamiza nyumba zoterezi, zimene zimalandira ndalama za boma, kubweza mafupa a makolo ndi zinthu zopatulika kwa eni ake.

Mayi wina atafunsa tanthauzo la zizindikiro za pa makungwawo, mphunzitsi anati zithunzi zake zilipo pa intaneti koma iwo sazionetsa. Kumbuyo kwanga kunakhala abambo ena achikulire a ku Mitundu, amene kuyambira tsiku loyamba sanayankhulepo kanthu, ankangolemba m'kope lawo laling'ono ndi pensulo. Iwo anakweza dzanja, naimirira, nati, "Amayi, pamenepo mwalasa. Za kudambwe saulula." Anakhala pansi osawonjeza liwu lina, ndipo funsolo silinabwerenso mpaka maphunziro kutha. Ndalemba zimenezi chifukwa zikuonetsa mwayi umene maphunzirowa ali nawo pochitikira ku Lilongwe kuno. Munthu wa m'chigawo chapakati safunika kumufotokozera nthawi yaitali kuti pali chidziwitso chimene sachipeza powerenga koma polowa, ndi kuti kuchiyala pabwalo ndi kuchiwononga.

Masabata awiri a chinamwali ndiwo mtima wa maphunzirowa, ndipo ndikhalapo pang'ono. Ulendo wa mwana umayambira pa dzina. Makolo amapita ndi fodya kwa mkulu amene amadziwika kuti ali ndi mphatso yotcha mayina, mkuluyo amapemphera ndi kudikira loto, mwina kwa miyezi, ndipo dzina likapezeka pamakhala phwando pomwe limalengezedwa kumbali zinayi za dziko kuti mizimu imudziwe mwanayo. Wotcha dzinayo amakhala ngati kholo lina kwa moyo wonse. Mwanayo amabadwiranso m'pfuko, monga la chimbalangondo, la nsomba kapena la mbalame zam'madzi, ndipo pfuko amatengera kwa bambo ndipo a pfuko limodzi sakwatirana.

Mnyamata akayandikira kutha msinkhu, kale makolo ankamuyesa m'mawa pomuikira chakudya ndi makala. Akasankha makala ankadzipaka kumaso, ndipo aliyense womuona ankadziwa kuti mwanayo akusala ndipo sayenera kupatsidwa chakudya. Ankayamba ndi tsiku limodzi ali wamng'ono, nthawi n'kumawonjezeka, mpaka itakwana nthawi yoti apite yekha kutchire, pamalo pamene akulu amukonzera, mwina pa kansanja ka mumtengo, ndi kukhala masiku 4 kapena kuposerapo osadya. Cholinga chinali chakuti mzimu wina umumvere chisoni ndi kumuchezera m'maloto, ndipo mzimu umenewo ndiwo unkakhala mthandizi wake mpaka imfa. Akulu ankapita kukamuzonda, ndipo loto likaoneka loipa ankamubweza kunyumba kuti adzayesenso nthawi ina. Zimene walota sankazikamba mwachisawawa. Mphunzitsi anatsindika kuti kusala kumeneku kukuchitikabe masiku ano motsogozedwa ndi akulu, ndipo atsikana nawonso amasala.

Mwambo umene unandikhudza kwambiri kumbali ya anyamata ndi phwando la nyama yoyamba kupha, monga limachitikira m'madera ena a ku Minnesota. Mnyamata akapha nyama yake yoyamba, imaphikidwa, abale amasonkhana, ndipo mkulu amamupatsa nthuli pa supuni. Iye amakana, n'kunena kuti akuganizira ana amene alibe wowadyetsa. Amamupatsanso, amakananso poganizira okalamba amene sangathe kupita kutchire, ndipo kachitatu amakana poganizira abale ake ndi onse amene abwera. Kachinayi ndi pamene amadya, ndipo nyama yotsala amaigawa kwa anthu. Apa mwana amauzidwa poyera kuti kuyambira lero iye ndi wodyetsa ena. Ndinaganiza za anyamata a Folomu 2 amene ndimawaphunzitsa, ambiri a iwo okulira m'tauni muno, ku Kawale, ku Area 25 kapena ku Chinsapo, amene palibe tsiku limene munthu wamkulu anawaimika pamaso pa abale ndi kuwauza kuti mphamvu zimene zikubwera m'thupi mwawo ndi za ntchito yotani.

Kumbali ya atsikana, kale namwali akatha msinkhu ankamumangira kanyumba kapadera pafupi ndi mudzi, momwe ankakhala masiku angapo akuchezeredwa ndi agogo ndi azakhali okha. Amayiwa anafotokoza mosamala kuti eni ake samuona namwaliyo ngati wodetsedwa, koma ngati munthu amene mphamvu yopatsa moyo yafika mwa iye mochuluka kwambiri moti iyenera kusamalidwa. Pambuyo pake pamayamba chaka chathunthu chosala zipatso zakutchire, kuyambira masitiroberi, amene iwo amawatcha ode'imin poona kuti chipatsocho chili ngati mtima. Kwa miyezi 13 ya kuwerenga kwawo, pakuti amawerenga potsata mwezi wakumwamba umene amautcha agogo, mtsikanayo amathyola zipatso pamodzi ndi anzake, amazisunga, koma salawa ngakhale chimodzi. Chaka chonsecho agogo ndi azakhali amamuphunzitsa za thupi lake, kusoka, kuphika, kudziletsa, ndiponso udindo wa amayi wosamalira madzi. Malamulo ena amasiyana dera ndi dera, monga kusanyamula makanda kapena kusalumpha zinthu za ena. Chaka chikatha pamakhala phwando, namwali amagawira anthu zipatso zija, kenako iye amadya, ndipo amalandiridwa pakati pa amayi. Udindo wa madzi uja si wa pakamwa chabe, pakuti mu 2003 gogo Josephine Mandamin, wa mtundu wa Anishinaabe, anayamba kuyenda wapansi mozungulira Lake Superior atanyamula ndowa ya madzi pofuna kudzutsa anthu za kuipitsidwa kwa nyanja, ndipo maulendo otere anapitirira ngakhale iye atamwalira mu 2019.

Monga mlangizi, chimene ndinatolapo ndi kutalika kwa nthawi. Chilangizo chathu cha kumpingo nthawi zambiri timachipanikiza m'masiku ochepa a tchuthi, atsikana ambiri m'chipinda chimodzi, ife tikuyankhula iwo ataweramitsa mitu, ndipo zikatha aliyense amabwerera kwawo. Mtsikana wa Ojibwe amaphunzira kudziletsa pochita, tsiku ndi tsiku, pa chinthu chaching'ono chimene amachikonda, ndipo amakhala ndi amayi akulu omuyang'anira chaka chonse. Sindikunena kuti titengere mwambo wawo, pakuti ndi wawo, ndipo amayiwa anatichenjeza kangapo za zimenezo. Koma funso lakuti phungu wa namwali ntchito yake imatha liti ndi lathu, ndipo ndinalitengera ku msonkhano wa alangizi anzanga.

Apa pomwe ndi pamene pali chofooka choyamba cha maphunzirowa. Chikalata choitanira anthu chinalonjeza kuyerekeza miyambo ya a Ojibwe ndi yathu, koma kuyerekezako kunapatsidwa theka la ola kumapeto kwa phunziro, anthu atatopa ndipo ena akuyang'ana nthawi. Kabuku kanangoika mizere iwiri moyandikana, uku chinamwali uku kusala zipatso, uku dambwe uku Midewiwin, ngati kuti ndi zinthu zofanana zosiyana mayina okha. Sizili choncho. Mnyamata wa Ojibwe amapita yekha kukafuna loto lake, ndipo chimene wapeza ndi chake, pamene wathu, kaya ndi kudambwe kwa Achewa kapena ku jando kwa Ayao, amalowa pagulu, amalandira mwambo umodzi ndi anzake kuchokera kwa akulu, ndipo chimene chimamangidwa ndi umodzi wa olowa pamodziwo. Namwali wathu amakhala m'tsimba pansi pa namkungwi ndi phungu, ndipo mwambo wake umakhudza mfumu ndi mudzi wonse. Ngakhale nkhani ya mbumba ndi yosiyana, pakuti kwa Achewa mwini mbumba ndi malume, pamene kwa a Ojibwe pfuko limayenda ndi bambo. M'holomo munali anthu odziwa zimenezi mozama, kuphatikizapo abambo a ku Mitundu aja ndi amayi awiri amene ndi anamkungwi kwawo, ndipo sabata yathunthu ikanaperekedwa kwa iwo kuti anene zimene mwambo umawalola kunena.

Phunziro la mbiri ya kuponderezedwa kwa miyamboyi linali lolemera, ndipo linaphunzitsidwa bwino, ndi zaka zake momveka. Mu 1883 boma la United States linakhazikitsa malamulo oletsa magule ndi ntchito za ochiritsa pakati pa eni nthaka, ndipo ufulu wawo wa chipembedzo unadzatetezedwa ndi lamulo mu 1978. Ku Canada lamulo la Indian Act la 1876 linawonjezeredwa mu 1884 ndi mu 1895 kuti liletse miyambo yosiyanasiyana, ndipo chiletsocho chinachotsedwa mu 1951. Choopsa kwambiri chinali sukulu zogonera konko, zoyendetsedwa ndi mipingo ndi ndalama za boma, kumene ana pafupifupi 150,000 a ku Canada anatengedwa, kumetedwa tsitsi, kupatsidwa mayina ena ndi kulangidwa akayankhula chiyankhulo chawo, ndipo masauzande a iwo anafera konko. Sukulu zomaliza zinatsekedwa m'zaka za m'ma 1990. Mtsikana amene anatha msinkhu ali m'sukulu yotere analibe agogo pafupi, ndipo iye atakhala gogo analibe choti apatse zidzukulu zake, motero mwambo umatha popanda wina kuuletsanso. Boma la Canada linapepesa mu 2008, komiti yofufuza choonadi ndi kuyanjanitsa anthu, imene anaitsogolera Murray Sinclair, woweruza milandu wa mtundu wa Ojibwe, inamaliza ntchito yake mu 2015 ndi mfundo 94 zoti zichitidwe, ndipo Papa Francis anapita ku Canada kukapepesa mu July 2022.

Ine ndine Mkhristu, ndipo phunziro limeneli silinali lopepuka kwa ine. Ndinayamikira kuti mphunzitsi sanaligwiritse ntchito ponyoza mpingo uliwonse, ndipo ananena kuti a Ojibwe ambiri lero ndi Akhristu, ena amatsata za makolo, ena amayenda ndi zonse ziwiri. Anakumbutsanso kuti kuno kwathu amishoni ndi a Nyau analimbana kwambiri nthawi ya atsamunda, koma ana sanalandidwe m'midzi ndi lamulo monga zinachitikira kumeneko, ndipo Gule Wamkulu anapitirira mpaka bungwe la UNESCO linamuzindikira mu 2005. Anatchulanso Bambo Claude Boucher, wansembe wochokera ku Canada komweko, amene mu 1976 anayambitsa malo a chikhalidwe ndi zaluso a Kungoni ku Mua m'boma la Dedza, ndipo analangiza amene sanapiteko kuti akaone nyumba yosungira zinthu za chikhalidwe ya Chamare imene ili kumeneko.

Sabata yomweyo ena anapempha kuti tsiku lomaliza timange kachisakasa ka nthunzi, kamene a Ojibwe amakatcha madoodiswan, momwe amathira madzi pa miyala yotentha popemphera, kuti tidzionere tokha. Amayiwa anakana kwamtuwagalu, ndipo anatiuza za zimene zinachitika mu 2009 pafupi ndi Sedona ku Arizona, pomwe munthu wina amene sanali wa mtundu wa eni nthaka anachititsa mwambo wotsanzira kwa anthu olipira ndalama zambiri, anthu 3 n'kumwalira, ndipo iye anadzamangidwa. Anati wotsogolera mwambo umenewu amaphunzira zaka zambiri ndipo sagulitsa malo olowera. Za maliro tinangodutsamo mwachidule, kuti mzimu umayenda ulendo wa masiku 4 kulowera kumadzulo, abale akusonkha moto usiku uliwonse, ndi kuti pamanda ena amamangapo tinyumba tating'ono ta matabwa. Miyambo ya mitundu ina, monga Kinaaldá wa a Navajo, momwe namwali amathamanga kulowera kum'mawa ndipo amaphika chikondamoyo chachikulu cha chimanga m'dzenje, inangotchulidwa m'mphindi zochepa, ndipo ndikuona kuti mutu wa maphunziro ukanangonena za a Ojibwe okha kuti usalonjeze zimene nthawi siilola.

Tsopano ndinene za okonza. Kabuku kamene timapatsidwa kali m'Chingerezi chokha, pamene phunziro ndi la m'Chichewa, ndipo anthu achikulire amene anali ndi zambiri zoti apereke sankakatsegula n'komwe. Pachikuto pake anaikapo chithunzi cha munthu wovala chisoti chachitali cha nthenga ataima pafupi ndi tenti yosongoka, zomwe ndi za mitundu ya kuzigwa monga Lakota, pamene nyumba yodziwika ya a Ojibwe a kunkhalango inali yozungulira pamwamba ndi yofoleredwa ndi makungwa. Mphunzitsi mwini anachita kutiuza kuti tisalabadire chikutocho.

Chimene chinandipweteka kwambiri ndi tebulo la malonda limene okonzawo anaika pakhomo. Pamenepo ankagulitsa tinthu totchedwa dreamcatcher, tamitundumitundu, ndipo kamodzi ndinakanyamula kuti ndikaonetsetse. Mkombero wake unali wa pulasitiki wokulungidwa ndi ulusi wonyezimira, mikanda ya pulasitiki, nthenga za nkhuku zonyikidwa mu utoto wapinki, ndipo kumbuyo kunali kapepala ka fakitale ya ku Asia kamene anaiwala kuchotsa. Mtsikana wogulitsa anandiuza mwaulemu kuti, "Mayi, gulani, kamathamangitsa ziwanda m'nyumba." Iye sindikumuimba mlandu, ananena zimene anauzidwa. Koma m'kati mwa holo momwemo tinali titangophunzira kuti kanthu aka kanachokera kwa a Ojibwe, kuti kanali kakang'ono kokwana pachikhatho, kopangidwa ndi kanthambi kofewa ndi ulusi wa zomera kapena mtsempha wa nyama moluka ngati ukonde wa kangaude, ndipo agogo ankakapachika pa chonyamulira khanda kuti kakole zoipa zisamufike mwanayo, monga analembera wofufuza Frances Densmore mu 1929. Tinaphunziranso kuti ku United States, lamulo la 1990 limati ndi mlandu kugulitsa chinthu monamizira kuti chapangidwa ndi eni nthaka. Sizingatheke kuti m'chipinda muziphunzitsidwa ulemu pa zinthu za eni, pakhomo pa chipinda chomwecho mukugulitsidwa zotsanzira zake, ndipo ndikupempha okonza kuti tebulo limeneli alichotse.

Lonjezo lalikulu limene silinakwaniritsidwe ndi loti tidzacheza pa intaneti ndi mayi wina wa Ojibwe wa ku Minnesota. Tsiku lake tinakhala kudikira, pulojekita ili chiyakire, mpaka tinauzidwa kuti zalephereka. Chifukwa chake chinali chodziwikiratu, pakuti 9 koloko m'mawa ku Lilongwe m'miyezi ya June ndi July ndi 2 koloko usiku ku Minnesota, ndipo palibe amene anaganizira zosuntha phunzirolo kuti lichitike madzulo. M'malo mwake tinaonera makanema afupiafupi a akulu a Ojibwe akufotokoza za dzina ndi za kusala zipatso, amene mphunzitsi ankawaimitsa ndi kumasulira. Anathandiza ndithu, koma kanema sungamufunse funso, ndipo maphunziro amene maziko ake ndi kumva kwa eni ake amatsimphina ngati mwini sanamveke ngakhale kamodzi akuyankha ife.

Holoyo ndi yaukhondo, mipando ndi yokwanira, ndipo magetsi atazima tsiku lina panali jenereta imene inayatsidwa mosachedwa, ngakhale phokoso lake linkavutitsa okhala kumbuyo. Phunziro limayamba pa nthawi yake, choncho wochokera kutali monga ku Likuni kapena ku Lumbadzi anyamuke m'mawa, ndipo kuchokera pamene minibasi imatsitsira pali kamtunda koti ena angafune kabaza. Maphunzirowa ndingawalimbikitse kwa aphunzitsi a maphunziro a chipembedzo ndi chikhalidwe, alangizi a m'mipingo ndi m'mizikiti, anamkungwi, ndi makolo amene ana awo akuyandikira kutha msinkhu. Amene akufuna kuonetsedwa zinsinsi kapena kuchititsidwa mwambo asataye ndalama yawo, chifukwa mphunzitsiyu sadzawapatsa zimenezo. Okonza anatiuza kuti gulu lina liyamba sukulu zikatsekera, ndipo wofuna kulembetsa ayambe wafunsa ngati kabuku kamasuliridwa m'Chichewa ndiponso ngati kucheza ndi mlendo wa ku Minnesota kwaikidwa madzulo, asanapereke gawo lachiwiri la malipiro.